Börje Salming: n'chifukwa chiyani Toronto imalemekeza munthu amene sanawabweretsere chikho?

Mmodzi wa owerenga athu amene akukhala ku Toronto, m'dziko la Canada, wandilembera imelo sabata ino. Akuti panja pa bwalo la Scotiabank Arena pali ziboliboli za akatswiri akale a timu ya hockey (masewero a ndodo a pa ayezi) ya Toronto Maple Leafs, ndipo chimodzi mwa izo ndi cha munthu wa ku Sweden, Börje Salming. Funso lawo ndi ili: "Anzanga a kuntchito amamutchula kuti Mfumu, koma nditafufuza ndapeza kuti sanapateko chikho cha Stanley Cup. Ulemu wonsewu ukuchokera pati? Kodi ndiye anali katswiri woposa onse ochokera ku Sweden?"

Achimwene, mwafufuza bwino, chikho sanachigwirepo. Koma Maple Leafs inapata Stanley Cup, chikho cha akatswiri a NHL (ligi yaikulu ya hockey ya ku Canada ndi America), komaliza mu 1967, Salming asanafike, ndipo mpaka lero sinachionenso. Mukati muyese osewera a Toronto ndi chikho, mutaya aliyense wa zaka zoposa makumi asanu. Ulemu wa Salming ukuchokera kwina: m'nthawi yake anthu a ku Canada ankakhulupirira kuti osewera a ku Ulaya ndi amantha, ndipo amene anathetsa bodzali ndi thupi lake ndi iyeyu.

Anabadwa pa 17 April 1951 kufupi ndi Kiruna, tauni ya migodi ya chitsulo kumpoto kwenikweni kwa Sweden. Kuchimuna anali wa mtundu wa Asami, anthu a kumpoto odziwika ndi kuweta nyama za reindeer. Bambo ake anafera pa ngozi ya mumgodi iye ali ndi zaka 5. Anayambira ku Kiruna AIF, kenako mu 1970 anatsatira mkulu wake Stig ku Brynäs, timu ya mumzinda wa Gävle, komwe anapata ukatswiri wa dziko mu 1971 ndi 1972.

Kuti mumvetse chimene anakumana nacho ku Canada, dziwani kuti hockey ya ku Ulaya ndi ya NHL zinali ngati masewero awiri osiyana. Bwalo la ayezi ku Ulaya ndi lotakasuka mamita 30, pomwe la NHL ndi pafupifupi mamita 26. Mamita anayi akuoneka ochepa, koma pabwalo lopanikizika mulibe kothawira: ukangolandira puck, kachimbale kakuda ka rabala kaja, wina wakugunda kale n'kukupanikizira kukhoma. Komanso mpaka 1969 malamulo a mipikisano ya maiko sankalola kugunda mnzako ndi thupi mbali zonse za bwalo. Choncho anyamata a ku Sweden anakula ndi luso lothamanga ndi kupatsirana, pomwe a ku Canada anakula akudziwa kuti nkhonya ndi gawo la masewero, chilango chake n'kukhala panja mphindi zisanu basi.

Salming sanali woyamba kuyesa. Ulf Sterner anasewerako magemu anayi okha ku New York Rangers mu 1965 n'kubwerera kwawo, ndipo Thommie Bergman analowa Detroit mu 1972. Kumapeto kwa chaka chomwecho Toronto inatuma Gerry McNamara ku Sweden kukaona wosewera kutsogolo Inge Hammarström. Maso ake anakodwa ndi difenda wamtali wa Brynäs amene sankaopa kugundana ndi aliyense. Mu 1973 onse awiri anasaina ku Maple Leafs.

Anafika pa nthawi yoipa. Zaka zimenezo ligi inali m'manja mwa Philadelphia Flyers, timu imene inapata chikho mu 1974 ndi 1975 poopseza anzawo ndi ndewu. Gemu yake yachiwiri yokha, Salming anapezeka akusinthana zibakera ndi Dave Schultz, wandewu weniweni wa Flyers. M'magemu ochotsana a 1976 Mel Bridgman anamumenya moti akuluakulu a zamalamulo ku Ontario anamutsegulira mlandu Bridgmanyo. Ndipo chipongwe sichinkachokera kwa adani okha. Mwini wa Maple Leafs, Harold Ballard, ananyoza Hammarström poyera kuti akhoza kulowa pakona ya bwalo ali ndi mazira m'thumba n'kutuluka osaswa ngakhale limodzi. Tangoganizani, bwana wako yemwe. Hammarström anachoka ku Toronto mu 1977. Salming anakhala masizoni 16.

Chimene ine chimandisangalatsa n'chakuti sanasanduke wandewu kuti amulandire. Ankamenyedwa ndi ndodo m'miyendo ndi m'nthiti, n'kudzuka, n'kupitiriza kusewera mwa njira yake: kulanda puck kumbuyo, kuthamanga nayo yekha bwalo lonse, kudzigwetsa kutsogolo kwa shoti kuti isafike kwa wapagolo. Puck ndi yolimba ngati mwala ndipo imauluka liwiro loposa makilomita 100 pa ola. Munthu wamantha sadzigoneka panjira yake.

Pa 26 November 1986, akusewera ndi Detroit, anagwa pafupi ndi golo lake pa chipwirikiti. Gerard Gallant anakankhidwa, ndipo chitsulo chakuthwa cha pansi pa nsapato yake chinadula nkhope ya Salming kuyambira pamphumi, kudutsa pafupi ndi diso, mpaka kumunsi kwa tsaya. Anamusoka masitichi oposa 200. Patangopita masabata ochepa anali atabwerera pa ayezi, atavala galasi loteteza kumaso. Chithunzi cha nkhope yosokedwayo anzanu a kuntchito amachidziwa onse, afunseni.

Ziwerengero nazo sizomuchititsa manyazi. Ku Toronto anasewera magemu 1,099, anagoletsa zigoli 148 ndipo anakonzera anzake zigoli 620. Anasankhidwa m'timu yoyamba ya akatswiri a ligi mu 1977, m'timu yachiwiri kasanu, ndipo kawiri anakhala wachiwiri pa Norris Trophy, mphotho ya difenda wopambana. Anamaliza ndi sizoni imodzi ku Detroit Red Wings, kenako anabwerera kwawo kukasewera AIK, n'kupitanso ku Olympics ya 1992 ali ndi zaka 40. Mu 1996 anakhala wosewera woyamba wa ku Sweden kulowa mu Hockey Hall of Fame, nyumba yolemekezera akatswiri akale a hockey imene ili konko ku Toronto, ndipo nambala yake 21 palibenso wa Maple Leafs adzaivale. Sanali mngelo ayi: mu 1986 ligi inamuimitsa magemu 8 atavomera kuti anagwiritsapo ntchito cocaine zaka za m'mbuyo.

Chikondi cha masapota chinaonekera poyera pa mpikisano wa Canada Cup mu 1976. Anabwera ku Maple Leaf Gardens, bwalo la Maple Leafs la nthawiyo, atavala yunifomu ya Sweden, koma dzina lake litangotchulidwa bwalo lonse linaimirira n'kumuombera m'manja kwa nthawi yaitali. Zinachitikanso mu November 2022, pamene anali atadwala ALS, matenda opha mitsempha yoyendetsa minofu, mpaka kulankhula sankatha. Mnzake wakale Darryl Sittler, akulira, anamugwira mkono n'kuukweza kuti apereke moni kwa anthu. Tsiku lotsatira Toronto inayamba gemu ndi osewera a ku Sweden okhaokha onse asanu ndi mmodzi. Anamwalira pa 24 November 2022 ali ndi zaka 71.

Tsono funso lanu lachiwiri. Ayi, kwa ine woposa onse ndi Nicklas Lidström wa Detroit: zikho zinayi za Stanley Cup, Norris Trophy kasanu ndi kawiri, ndipo mu 2008 anakhala kaputeni woyamba wobadwira ndi kukulira ku Ulaya kunyamula chikho. Ena angakuuzeni Peter Forsberg, ndipo ku Toronto komweko ambiri anganene Mats Sundin, amene mu 1989 anali wa ku Ulaya woyamba kusankhidwa nambala wani pa chisankho cha osewera atsopano, n'kudzakhala kaputeni wa Maple Leafs kuyambira 1997 mpaka 2008. Koma Lidström mwini wake wakhala akunena kuti ali mwana ankafuna kudzakhala ngati Salming. Ndipo ndikukayika ngati timu ina iliyonse ikanataya chisankho chake choyamba pa mnyamata wa ku Sweden mu 1989, Salming akanalongedza zikwama n'kubwerera kwawo atalawa zibakera za ku Philadelphia.