Akundikaniza kuona mwana wanga

Kalata ya bambo wina yandisowetsa mtendere. Anabereka mwana ndi mayi amene sanakwatirane naye, pano anasiyana, ndipo mayiyo akuti mwana amuona pokhapokha akabweretsa ndalama. Akufunsa ngati ali ndi ufulu uliwonse.

Achimwene, ine ndinali mwana wotereyu. Makolo anga sanakwatirane. Bambo akabwera ankaima panja, mayi n'kunditsekera kuchipinda mpaka atapita. Ndinkawasuzumira pazenera atanyamula nsapato zondigulira, ndipo pamene zinkadzandipeza zinali zitandichepera kale. Mayi anali ndi zifukwa zawo. Bambo anayamba aikana mimbayo, ndipo chilonda chimenecho sichinapole. Sindiwaweruza, koma amene analipira mkwiyo wa anthu awiriwa ndine.

N'chifukwa chake mtima umandiwawa ndikamva anthu akuti mwana wobadwa kunja kwa banja ndi wa mayi basi. Ayi ndithu! Pangano la United Nations la ufulu wa ana la 1989, pa ndime 7, limati mwana ali ndi ufulu wodziwa makolo ake ndi kuleredwa nawo, ndipo ndime 18 imaika udindo wolera pa onse awiri. Ufuluwo ndi wa mwana, si mphatso yoti mayi apereke akakondwa.

Komanso abambo enanu musawombe m'manja. Mumathawa matewera ndi mizere ya kuchipatala, n'kudzatulukira mwana akuyamba ntchito, ati ndi magazi anga. Pangano la mayiko a mu Africa la ufulu wa ana la 1990 limanena mosabisa kuti mwana asamanidwe chithandizo chifukwa choti makolo ake sali pabanja. Inu munali kuti?

Tsono achimwene, muchite chiyani?

Onetsetsani kuti dzina lanu lili pa chiphaso cha kubadwa cha mwanayo. M'mayiko ambiri lamulo limangotenga mwamuna wa mayi kukhala bambo, koma wosakwatira amayenera kuvomereza mwalamulo, apo ayi khoti ligamule. Pakakhala kukayika pali kuyezetsa DNA, kumene kumasonyeza ngati mwanayo ndi wanudi: amangopukuta mkati mwa tsaya ndi kathonje. Chithandizo tumizani mwezi ndi mwezi ngakhale akukukanizani, ndipo sungani umboni wake. Zokambirana zikalephereka pitani kukhoti, limene limayang'ana zokomera mwana. Chonde musakamutenge mozemba kusukulu, mudzaononga mlandu wanu n'kumuopseza mwanayo.