Pasipoti ikutha ntchito, mlandu ukadali kukhoti: nditani?

FUNSO: Ndine mayi wa ana atatu wa ku Limbuli m'boma la Mulanje, ndipo ndimachita geni yokaoda mabulangete ndi nsapato ku Johannesburg. Chaka chatha tinakangana ndi alamu anga pa malire a munda wa chinanazi mpaka iwo anavulala pamkono, ndipo ndikuyankha mlandu wovulaza munthu. Ndinatuluka pa belo, koma khoti linalamula kuti ndipereke pasipoti yanga komanso ndizikaonekera kupolisi pakatha sabata ziwiri zilizonse. Mlandu ukungoimitsidwa, mpamba ukutha, ndipo pasipotiyo itha ntchito pakangopita miyezi itatu. Bambo wina wandiuza kuti ndikanene kupolisi ya boma lina kuti inatayika, iye andithandiza kupeza yatsopano. Kodi munthu amene ali ndi mlandu amaloledwa kutenga pasipoti ina?
Mayi wothedwa nzeru, Limbuli

YANKHO: Mayi, ndiyambire pa bambo amene akufuna kukuthandizaniyo, chifukwa ndi pamene pandidetsa nkhawa kwambiri. Chonde musamumvere. Madobadoba oterewa amalandira ndalama n'kusowa, koma siginecha imene imatsala pa lipoti la apolisi ndi pa fomu ya ku Immigration ndi yanu. Kuuza wogwira ntchito m'boma zabodza mwadala ndi mlandu paokha, ndipo poti masiku ano pasipoti imaperekedwa pogwiritsa ntchito chiphaso cha unzika chochokera ku NRB, chithunzi ndi zidindo za zala, kupita ku boma lina sikubisa kanthu. Lero mukuyankha mlandu umodzi wochokera pa mkangano wa pachibale. Mukatsata njira imeneyo mudzakhala ndi milandu iwiri, ndipo wachiwiriwo udzakhala ndi umboni wolembedwa ndi dzanja lanu lomwe.

Tsopano ku funso lanu. Kukhala ndi mlandu kukhoti sikumuchotsera munthu unzika wake. Malamulo aakulu a dziko lino, omwe anakhazikitsidwa mu 1994, amanena pa gawo 42 kuti woganiziridwa mlandu ndi wosalakwa kufikira khoti litamupeza wolakwa, ndipo gawo 39 limapereka ufulu wotuluka ndi kubwerera m'dziko muno. Komabe ufuluwu khoti lili ndi mphamvu zouchepetsa pofuna kuonetsetsa kuti munthu adzapezeke pa tsiku la mlandu, ndipo zimenezi n'zimene zinachitika kwa inu. Lamulo lotsogolera makhoti pa nkhani za belo, la chaka cha 2000, limafuna kuti woweruza aunike ngati munthuyo angathawe mlandu kapena kusokoneza mboni. Kwa munthu wa ku Limbuli, komwe chipata cha Muloza chili pafupi ndipo ku Milange m'dziko la Mozambique anthu amapitako pa njinga ya kabaza, woweruza saona chachilendo kulamula kuti zikalata zoyendera zisungidwe.

Choncho amene wagwira mfungulo ya nkhani yanu si ofesi ya Immigration, koma khoti limene linakupatsani belo. Tulutsani kalata ya belo ija pamene munaisunga, kaya ndi m'chikwama kaya pansi pa matiresi, ndipo muiwerenge mzere ndi mzere pamodzi ndi munthu wodziwa malamulo. Makalata ena amangonena za kupereka pasipoti, ena amawonjezera kuti munthu asatuluke m'dziko kapenanso m'boma lake popanda chilolezo. Mawu amenewa ndi amene akukumangani, ndipo chiphaso cha pachipata chimene anthu a m'malire amadutsira nachonso n'choletsedwa kwa inu ngati kalatayo ikuletsa kutuluka m'dziko.

Chimene mungachite ndi kupempha khotilo kuti lisinthe mfundo za belo yanu. Pempholi limamvedwa pamaso pa majisitireti, woimira boma pa mlandu alipo, ndipo iye ali ndi mwayi wovomera kapena kutsutsa. Ndikukulangizani kuti musiyanitse zinthu ziwiri. Choyamba ndi kupempha kuti akubwerekeni pasipoti kwa masiku owerengeka kuti mukaisinthe ku ofesi ya ku Blantyre, n'kulonjeza kuti yatsopanoyo mudzaipereka kukhoti ikangotuluka. Pempho lotere ndi lopepuka chifukwa silikukutulutsani m'dziko. Chachiwiri ndi kupempha chilolezo cha ulendo, ndipo apa khoti lidzafuna zambiri: tsiku lonyamuka ndi lobwerera, tikiti ya basi, komwe mukafikire, ndi umboni wakuti geniyo ndi imene imadyetsa ana anu, monga malisiti a katundu ndi mapepala a msonkho a ku MRA. Chida chanu chachikulu ndi mbiri yanu pa belo. Ngati buku la kupolisi likuonetsa kuti simunajombepo kukasaina, ndipo tsiku lililonse la mlandu mumakhala mutafika pabenchi m'mawa ngakhale mlanduwo ukaimitsidwe, woweruza amaziona zimenezo. Kuchedwa kwa mlandu, ngati sikukuchokera kwa inu, ndi mfundo yoyenera kuitchula mwaulemu.

Muganizirenso anthu amene anakusainirani belo. Ngati mutatuluka mozemba n'kuphonya tsiku la khoti, chikalata chokumangirani chidzatuluka, belo idzalandidwa, mudzadikira mlandu muli kundende, ndipo achibale amene anaima m'malo mwanu adzalipira chikole chimene analonjeza. Kukhala kunja sikuthetsa mlandu, pakuti maiko a SADC anasainirana mu 2002 mgwirizano wobwezerana anthu othawa milandu. Ndimamva chisoni ndikaona mayi wokalamba akugulitsa mbuzi kuti alipire chikole cha mwana amene anamukhulupirira.

Za ndalama ya loya zisakubwezeni m'mbuyo. Bungwe la boma la Legal Aid Bureau linakhazikitsidwa kuti lizithandiza anthu amene sangakwanitse kulemba loya, ndipo alangizi a zamalamulo a bungwe la PASI amapezeka m'makhoti ndi m'mapolisi ambiri. Kalaliki wa khoti angakulozereni kumene mungawapeze. Popeza wovulalayo ndi mlamu wanu, funsaninso loyayo ngati mlandu wanu uli m'gulu la milandu imene khoti limalola kuti anthu ayanjanitsidwe, koma musapite nokha kukakambirana ndi alamuwo kapena mboni zawo, kuopa kuti zingaoneke ngati mukusokoneza umboni.

Pomaliza, musaope kuti pasipoti ikatha ntchito ili m'manja mwa khoti ndiye kuti mwataya mwayi. Pasipoti yotha ntchito imasinthidwa bwinobwino, bola mukaibweretse pamodzi ndi chiphaso chanu cha unzika. Ngati khoti litakana pempho lanu, mutha kutumiza mnzanu wodalirika wa geni kuti azikuoderani katundu pamene mukudikira chigamulo, ndipo loya angathe kukaperekanso pempholo ku khoti lalikulu ku Blantyre.