Mayina awiriawiri pa zikwangwani za ku Scotland

Funso: Ndinabwera ku Inverness chaka chatha kudzagwira ntchito yosamalira okalamba. Pa zikwangwani za mumsewu ndimaona mayina awiriawiri, lachingelezi ndi lina loti sinditha kulitchula olo pang'ono. Agogo ena omwe ndimawasamalira amati lachiwirilo ndiye dzina lenileni. Zoona zimenezi? (Mayi wa ku Inverness)

Yankho: Mayi, agogowo sakunama ayi. Chiyankhulo chimenecho ndi Gaelic ndipo kalembera wa 2011 anapeza anthu pafupifupi 57,000 okha ochiyankhula. Komwe mukukhalako dzina lake ndi Inbhir Nis, kutanthauza pomwe mtsinje wa Ness umathira m'nyanja, achingelezi anangolipinda kuti liwagwere pa lilime.

Chomwe chimandikhudza ine n'choti anthu amenewa satcha chilichonse chokwera kuti phiri basi. Lalikulu ndi beinn, monga Beinn Nibheis lija mumalimva kuti Ben Nevis, lotalika mamita 1,345. Lansonga yakuthwa ndi sgùrr, lozungulira ngati chotupa ndi meall, ndiye chigwa cholowa m'mbali mwa phiri amati coire, mawu omwewo otchulira mphika waukulu, ukachiona umavomereza wekha kuti eya ndi mphikadi. Kufupi ndi chigwa cha Glen Coe kuli phiri lotchedwa Buachaille Etive Mòr, kutanthauza m'busa wamkulu wa chigwa cha Etive, laima pakhomo pa chigwa ngati munthu woyang'anira ziweto zake.

Mitundu nayo amaisiyanitsa mwaluso. Mapiri omwe mapu amati Cairngorms, kumwera kwa Inverness, eni ake amati Am Monadh Ruadh, mapiri ofiirira, chifukwa cha miyala yake, pomwe oyandikana nawo kumadzulo ndi Monadh Liath, otuwa. Koma dzina lachingelezilo linatengedwa ku phiri limodzi lokha, An Càrn Gorm, labuluu, nde taonani mapiri ofiira akutchedwa abuluu, zimandipweteka ndithu. Mawu oti gorm omwewo amanenanso udzu wobiriwira bwino.

M'zaka za m'ma 1700 ndi 1800 eni malo anathamangitsa mabanja ambiri m'zigwa zimenezi kuti aweteko nkhosa, moti malo ena kwangotsala mabwinja ndi dzina, odziwa chifukwa chake anapita kalekale. Ndiye mawa mukamawapatsa tiyi agogowo, afunseni dzina la kaphiri kapena kamtsinje kakwawo komwe ankasewera ali mwana, alitchule pang'onopang'ono inu mubwereze mpaka aseke.