Chidole cholankhula mu kanema wopanda mawu

Mayi wina wandilembera imelo. Mwana wawo akuphunzira kulankhulitsa chidole osagwedeza milomo, ndiye akufunsa ngati makanema akale opanda mawu angamuthandize, "poti mawuwo samveka n'komwe."

Mwandikumbutsa kutali, mayi. Agogo anga aamuna anali osamva. Ndili mwana ndinkavala sokosi kudzanja, nditaisokerera mabatani awiri ngati maso, n'kumailankhulitsa madzulo pakhonde. Aliyense ankandinena kuti milomo ikuoneka. Agogo okha ndiwo ankaseka mpaka misozi, poti iwo pakamwa panga analibe napo ntchito. Ankadikira sokosiyo ipendeketse mutu, indiyang'ane mwamwano, ine n'kugwetsa nkhope. Mpaka lero ndimapsa mtima munthu akati lusoli lili pakhosi. Bodza limenelo. Lili m'maso mwa woonera.

Lon Chaney, wosewera m'makanema wa ku America, ankazidziwa izi, makolo ake onse awiri anali osamva. Mu 1925, mu kanema wa Tod Browning wotchedwa The Unholy Three, anasewera ngati Echo, wolankhulitsa zidole amene amadzisandutsa gogo wamkazi wogulitsa zinkhwe. Kasitomala akalowa, Echo amaziponyera mawu mbalamezo, mawuwo n'kulembedwa pambali pake ngati m'makatuni a m'nyuzipepala. Mbalame ikafika kunyumba kwa wogula, zii. Kanemayu anamujambulanso ndi mawu mu 1930, ndipo Chaney anamwalira mu August chaka chomwecho. Ine ndimakondabe woyambayo, nenani zonena zanu.

Za zidole zamakina

Apa pokha ndiye pamandiwawa. Georges Méliès, wopanga makanema wa ku France, atagula holo ya zamatsenga ya Robert-Houdin ku Paris mu 1888, anapezamo zidole zoyenda ndi magiya ndi masipuling'i ngati wotchi, poti mwiniwake woyambayo anali wokonza mawotchi. Mu 1897 Méliès anajambula Gugusse et l'Automate, ya munthu wa nthabwala ndi munthu wamakina. Kanemayo anasowa kwa zaka zoposa zana limodzi. Méliès yemweyo, ngongole zitamupanikiza, anatentha mafilimu ake mu 1923, kenako n'kumagulitsa maswiti ndi zoseweretsa ana pasiteshoni ya sitima ya Montparnasse. Munthu wosunga zidole za Robert-Houdin, kumagulitsa tizidole ta ana!

Ndasochera. Inde mayi, aonere wa Chaney uja, ali pa intaneti. Kenako mumujambule mwanayo pafoni ali ndi chidole chake, muzimitse mawu, muone amene maso anu akuthamangirako.