Xavier Dolan anayamba ndi kusewera, kutsogolera kunabwera pambuyo

Achimwene, mwafunsa ngati Xavier Dolan, wotsogolera mafilimu wa ku Canada, anayamba ndi kusewera, komanso ngati kusabisa kuti amakonda amuna anzake kunamutsekera mwayi. Inde, Dolan anayamba ngati wosewera m'mafilimu ndi pa TV. Ali mwana ku Montreal ankaoneka m'zotsatsa malonda za pa TV, ndipo ndalama zomwe anasunga pa ntchitoyi ndi zimene anaika m'filimu yake yoyamba, J'ai tué ma mère. Anailemba yekha, kuitsogolera, n'kuseweramo ngati mnyamata wokonda amuna anzake amene sagwirizana ndi mayi ake. Inalandira mphoto zitatu pa chikondwerero cha mafilimu cha ku Cannes, ku France, mu 2009, iye ali ndi zaka 20.

Zakuti kusabisa kuti amakonda amuna anzake kunamutsekera mwayi, ine sindikuvomereza. Mu 2014 filimu yake ya Mommy inapata mphoto ya oweruza (Jury Prize) ku Cannes komweko, mu 2015 anatsogolera vidiyo ya nyimbo ya Hello ya woimba Adele, kenako anasewera m'filimu ya Boy Erased mu 2018, ndipo mu 2022 anatulutsa sewero la pa TV la magawo asanu. Komabe kumbukirani kuti ku Canada amuna okhaokha amaloledwa kukwatirana kuyambira 2005. Si dziko lililonse lomwe munthu angalankhule momasuka chonchi.

Inu mukufuna kuika ndalama zanu m'filimu ngati iye. M'magulu a zisudzo omwe ndagwira nawo ntchito, ndaona kuti wotsogolera amene anasewerapo amadziwa kulankhula ndi osewera, choncho yambani mwasewera m'mafilimu a anzanu. Ndaonanso abwenzi akudana chifukwa sanalemberane kuti filimu ndi ya ndani. Musanatulutse ndalama kapena kusaina mgwirizano uliwonse, kaonaneni ndi loya wodziwa za umwini wa ntchito zaluso.