Mafilimu opanda mawu ankaimitsa bwanji mitima?

Funso: Akonzi, kodi mafilimu afupiafupi akalekale opanda mawu aja ankachititsa bwanji anthu mantha?

Yankho: Luso linali m'kadulidwe ka filimu, kutanthauza mmene ankadulira ndi kulumikizira zithunzi. Mu filimu ya *The Lonely Villa* ya mu 1909, ya D. W. Griffith, wopanga mafilimu wa ku America, mbava zikuthyola zitseko, mayi ndi ana ali m'kati, bambo akuthamangira kunyumba. Zithunzi zimasinthana pakati pa malowa, ndipo chidutswa chilichonse chimafupika pamene ngozi ikuyandikira. Koma malo aliwonse ayambe aoneka bwino, apo ayi woonera amasokonezeka, mantha n'kutha.

Mkombero umodzi wa filimu, kutanthauza mpukutu wa tepi ya zithunzi, unali mamita pafupifupi 300, kotero panalibe nthawi yotaya. Kamera ankaipukusa pamanja, kawirikawiri zithunzi pafupifupi 16 pa sekondi. Mukaonetsa filimu yotere pa zithunzi 24 pa sekondi, anthu amayenda mothamanga, zomvetsa chisoni n'kusanduka zoseketsa.