Apilo ya mlandu wa ngozi yachedwa: kodi khothi lingamvebe?

Mayi wina wa ku Thondwe wandilembera imelo. Amuna awo anagundidwa ndi minibasi pamsewu wa ku Blantyre ali panjinga, ndipo anathyoka mwendo. Mlandu wofuna chipukuta misozi unazengedwa ku High Court kuno ku Zomba, jaji nagamula kuti wolakwa anali wanjingayo. Banjali lamva za chigamulocho patatha miyezi 4. Akufunsa kuti: kodi basi zathera pomwepo?

Mayi, sizinathe, koma musakhalenso pansi.

Apilo yochokera ku High Court imapita ku Supreme Court of Appeal ku Blantyre. Lamulo limapereka masabata 6 kuchokera tsiku la chigamulo chomaliza kuti munthu adziwitse khothi zoti akuchita apilo. Chikakhala chigamulo cha pakati, mlandu usanathe, ndi masiku 14 okha. Inu nthawiyo yakupitirirani, ndiye choyamba si apiloyo ayi, koma pempho loti khothi likuwonjezereni nthawi.

Pempholi limayenda ndi chikalata cholumbira, ndipo majaji amayang'anamo zinthu ziwiri: chifukwa chomveka chimene munachedwera, ndiponso ngati apiloyo ili ndi mfundo zoyenera kumvedwa.

Pa choyambacho ndi pamene ambiri amagwera. Kungolemba kuti "tinali pa mavuto" sikokwanira. Longosolani nthawi yonseyo mwatsatanetsatane: munamva liti, anakuuzani ndani, mutamva munachitapo chiyani. Ngati bambo anagonekedwa ku Zomba Central Hospital, buku lawo la kuchipatala lionetse masiku ake. Ngati loya wanu ndiye anangokhala chete, sungani mauthenga onse amene munkamufunsa, ngakhale a pa WhatsApp. Kulakwa kwa loya sikumupulumutsa munthu nthawi zonse, chifukwa jaji angathe kufunsa kuti mwini mlandu munali kuti miyezi yonseyi, kaundula wa khothi ali m'tauni momwemu. Funsolo limawawa, koma n'loona. Ndipo masiku amene mukhale kuyambira lero ndiwo ovuta kwambiri kuwafotokoza, poti tsopano mukudziwa.

Chachiwiricho chimafuna mutu wozizira. Apilo si kuzenganso mlandu chifukwa mtima ukuwawa. Muyenera kuloza pamene jaji anaphonya, kaya pa lamulo, kaya ponyalanyaza umboni wofunika monga lipoti la apolisi kapena mawu a mboni imene inaona ngoziyo. Tengani kope la chigamulo, loya wina aliwerenge. Akakuuzani kuti palibe pogwira, mumvereni, pakuti wogonja amatha kulamulidwa kulipira zimene mbali inayo yawononga pa mlandu.

Mwatchulanso za kusowa ndalama. Ine sindingatsamire pa chifukwa chimenechi chokha, popeza a Legal Aid Bureau ali ndi ofesi kuno ku Zomba ndipo ntchito yawo n'kuthandiza amene sangakwanitse kulipira loya. Pitani kumeneko sabata ino.

Kwa ena amene simunayambe n'komwe mlandu, nthawi yanu ndi ina. Mlandu wa kuvulala umayenera kuyamba pasanathe zaka 3, koma wosumira kampani ya inshulansi mwachindunji, lamulo la za pamsewu la Road Traffic Act limapereka zaka 2 zokha. Akampani akamangoti "tikuona fayilo yanu", zaka ziwirizo zikutha ndithu.